Mayi Hanka Ordonówna, Wa Zisudzo Amene Anasanduka Mlezi wa Ana Amasiye

Amayi anzanga a Umodzi wa Amayi, pa tsamba lino tinazolowera kuwerenga mbiri za amayi a ku mishoni, anamwino ndi aphunzitsi. Ulendo uno ndabwera ndi mayi wa mtundu wina, woti akanafika pakati pathu masiku a utsikana wawo, mwina ena a ife sitikanawapatsa mpando wa kutsogolo m'tchalitchi. Iwowa anali woimba, wovina ndiponso wochita zisudzo wa ku Poland, dziko la ku Ulaya, ndipo anamwalira m'chaka cha 1950. Ndasankha mbiri yawo chifukwa ife a kuno ku Chiringa tikumudziwa mwana wofika pakhomo ali yekha. Tinamuona m'zaka za m'ma 1980 pamene abale athu a ku Mozambique ankathawa nkhondo, tinamuona napolo atatsika m'phiri la Michesi mu Malichi 1991, ndipo tinamuonanso itadutsa mphepo ya Freddy mu 2023. Mayi amene ndikunenawa anakumana ndi ana otere mazanamazana.

Dzina lawo la ubatizo linali Maria Anna Pietruszyńska. Anabadwa m'chaka cha 1902 mu mzinda wa Warsaw, m'banja losauka, ndipo bambo awo ankagwira ntchito ya njanji. Ali wamng'ono anawalowetsa sukulu ya zovina ya pa nyumba yaikulu ya zisudzo mumzindamo. Atafika zaka 16 anayamba kuonekera pamaso pa anthu m'nyumba zing'onozing'ono za zisangalalo za usiku, poyamba ku Warsaw komweko kenaka ku Lublin. Ndi nthawi imeneyi pamene anatenga dzina loti Hanka Ordonówna, limene anadziwika nalo mpaka imfa.

Mwayi wawo unatseguka atalowa m'gulu la Qui Pro Quo, lomwe linali lotchuka koposa mu Warsaw m'zaka za m'ma 1920. Kumeneko anakumana ndi Fryderyk Járosy, mkulu amene ankatsogolera zochitika za gululo. Iyeyu ndi amene anawaphunzitsa kuti nyimbo sangoiimba ndi pakamwa pokha, koma amaisewera ngati sewero, ndi maso, manja ndi kaimidwe komwe. Alakatuli otchuka a dzikolo, monga Julian Tuwim ndi Marian Hemar, ankawalembera mawu a nyimbo. Pano ndinene poyera kuti moyo wawo wa zaka zimenezi sunali woti n'kuphunzitsira atsikana athu a chilangizo. Iwo ndi Járosy anakhala pa chibwenzi kwa zaka ndithu popanda ukwati, ndipo mzinda wonse unkadziwa. Sindikubisa zimenezi, pakuti mbiri yobisa zofooka za munthu imatinamiza kuti ntchito zachifundo ndi za anthu angwiro okhaokha.

M'chaka cha 1931 anakwatiwa ndi Michał Tyszkiewicz, bambo wa ku banja lolemekezeka la eni minda ikuluikulu, amenenso ankalemba mawu a nyimbo. Mwana wa wantchito wa njanji anakhala mayi wa ulemu wake, koma zisudzo sanasiye. Mu 1933 anatenga mbali yaikulu mu filimu yotchedwa Szpieg w masce, ndipo nyimbo imene anaimba m'menemo, yopekedwa ndi Henryk Wars, ikuimbidwabe ku Poland mpaka lero. Anaseweranso m'masewero akuluakulu ku Kraków, ndipo anayenda maiko ambiri kukaimba, mpaka ku America. Chovuta chinali chimodzi, chifuwa. Matenda a chifuwa chachikulu anali atayamba kale kuwavutitsa.

Tsono pa 1 Seputembala 1939 asilikali a Germany analowa m'dziko la Poland, ndipo pa 17 mwezi womwewo a Soviet Union, dziko limene likulu lake linali Moscow, analowanso kuchokera kum'mawa. Dziko linagawidwa pakati ngati nsima. Apolisi achinsinsi a Germany anagwira Mayi Ordonówna nawatsekera m'ndende ya Pawiak ku Warsaw. Amuna awo anayesetsa mpaka anawatulutsa, ndipo anapita ku Vilnius, kumene anayambanso kusewera m'nyumba za zisudzo za anthu a ku Poland. Mtendere umenewu sunakhalitse. A Soviet atatenga deralo anagwira amuna awo n'kupita nawo ku ndende ya ku Moscow. Mayiwa anatsatira kukawafunafuna, koma mapeto ake iwonso anagwidwa natumizidwa kutali ku Uzbekistan, kukagwira ntchito ya kalavulagaga. Tangoganizani, mayi wodwala chifuwa, amene manja awo anazolowera kulandira maluwa.

Sanali okha. Kuyambira mu Febuluwale 1940 mpaka pakati pa 1941, boma la Soviet linasamutsa mokakamiza anthu a ku Poland oposa 300,000. Asilikali ankafika usiku, n'kuuza banja kuti limange katundu, n'kulikweza m'mabogi a sitima onyamulira katundu ndi ziweto. Ankawatula ku Siberia, ku Kazakhstan ndi madera ena akutali, kumene kuzizira ndi njala zinapha ambiri.

Zinthu zinatembenuka mu Juni 1941 pamene Germany inaukira Soviet Union. A Soviet anafuna abwenzi, ndipo pa 30 Julayi chaka chomwecho anasainirana pangano ndi boma la Poland limene linali litathawira ku London. Akaidi aja anamasulidwa, ndipo amuna analoledwa kupanga gulu lankhondo lotsogozedwa ndi Władysław Anders. Uthenga utamveka, anthu ananyamuka m'malo onse amene anatayidwa, kulunjika kum'mwera kumene asilikaliwo ankasonkhana. Ulendo umenewu ndi umene unachulukitsa ana amasiye. Mayi ankatsika pa siteshoni kukafuna madzi kapena buledi, sitima n'kunyamuka ana ali m'kati. Makolo ena ankafera m'njira ndi matenda a typhus, ofala ndi nsabwe, ena ndi kamwazi, ena ndi njala chabe, atapereka chakudya chawo chomaliza kwa ana. Ena pozindikira kuti sachira, ankasiya mwana pakhomo pa ofesi ya anthu a ku Poland.

Mayi Ordonówna atamasulidwa akanatha kungobwerera ku ntchito yawo yoimbira asilikali, pakuti aliyense ankawadziwa ndipo malo akanawapatsa. Kuimbako anaimbadi, koma mtima wawo unagwidwa ndi ana aja. Anayamba kuwasonkhanitsa ndi kuwasamala ku Tashkent, ndipo kenaka, atapezananso ndi amuna awo amene anali atatulutsidwa m'ndende, anagwira ntchito pa nyumba ya ana amasiye ku Ashgabat, pafupi ndi malire a dziko la Iran.

Amayi amene munalandirapo mwana wochokera m'mavuto mukudziwa kuti ntchito imeneyi ilibe chokoma m'maso. Mwana amafika ali ndi nsabwe, mphere ndi zilonda, woti umumete, umusambitse, zovala zake uziwiritse kapena kuzitentha. Sungamupatse mbale yodzaza tsiku loyamba, chifukwa m'mimba mwake munafota. Amabisa chakudya pansi pa chofunda poopa kuti mawa kulibe. Usiku amadzidzimuka n'kulira, ndipo ena samayankhula konse. Aang'ono kwambiri sankadziwa n'komwe dzina la bambo awo kapena mudzi umene anachokera, ndipo ena chiyankhulo cha kwawo chinali chitayamba kuwathawa. Apa ndi pamene luso la zisudzo lija linapeza ntchito yake yeniyeni, m'kuona kwanga. Munthu amene anatha zaka makumi awiri akuphunzira kugwira mitima ya anthu achilendo ndi mawu ndi nkhope, anali ndi chida chofikira mwana amene watseka pakamwa. Dzina lawo lotchuka nalonso linkathandiza kuti akapempha kanthu m'malo mwa ana, akuluakulu amve.

Panali vuto lina. Ana amenewa sakanakhalitsa kumeneko, pakuti chakudya ndi mankhwala zinali zosowa, ndipo palibe ankadziwa kuti a Soviet asintha liti maganizo. Thandizo linachokera ku India. A ofesi ya kazembe wa Poland ku Bombay, makamaka Mayi Kira Banasińska, anakonza malole onyamula chakudya ndi mankhwala kupita ku Ashgabat, kuti pobwerera anyamule ana. Kumayambiriro kwa 1942 gulu loyamba la ana oposa 150 linanyamuka, Mayi Ordonówna ali m'gulu la owaperekeza. Anadutsa m'mapiri kulowa mu Iran, napuma ku Mashhad, napitirira m'chipululu mpaka ku Quetta, mzinda umene lero uli m'dziko la Pakistan, ndipo anafika ku Bombay mu Epulo. Unali ulendo wa masabata angapo, wa fumbi, ndi ana odwala pambuyo pa lole, woperekezayo nayenso akutsokomola.

Ku India kunapezeka mfumu ina ya chifundo, Jam Saheb Digvijaysinhji wa dera la Nawanagar. Mfumuyi sinali Mkhristu, ndipo dziko lake linali pansi pa ulamuliro wa Angerezi monga linalili lathu la Nyasaland, koma inapereka malo ku Balachadi, pafupi ndi nyanja, namangitsa mudzi wa ana. Munali sukulu, malo opempherera ndi wansembe wawo, Bambo Franciszek Pluta, amene ankayang'anira mudziwo. Ana mazana angapo anakulira m'menemo mpaka 1946. Lero mu Warsaw muli bwalo lotchulidwa pokumbukira mfumuyo.

Mwina mukufunsa kuti nanga zonsezi zikutikhudza bwanji ife a kuno. Chaka chomwecho cha 1942, anthu a ku Poland oposa 110,000 anatuluka mu Soviet Union kulowa mu Iran pamodzi ndi asilikali a Anders, ndipo mwa iwo munali amayi ndi ana zikwizikwi. Angerezi anawagawa m'maiko awo, ndipo pafupifupi 18,000 anabwera kuno ku Africa. Ena anakakhala ku Tengeru m'dziko la Tanganyika, ena ku Masindi ndi Koja ku Uganda, ena ku Rusape ndi Marandellas ku Southern Rhodesia, ndipo ana amasiye 500 anapita ku Oudtshoorn ku South Africa. Ku Northern Rhodesia, imene lero ndi Zambia, kunali misasa ku Lusaka, ku Bwana Mkubwa, ku Abercorn ndi ku Fort Jameson. Fort Jameson ameneyu ndi Chipata, kungodutsa malire a ku Mchinji. Ndiye kuti ana ena a m'sitima zomwe zija anakulira pakati pa anthu oyankhula Chinyanja. Nthawi imeneyo othawa nkhondo anali azungu, ndipo dziko lowalandira linali lathu lino la Africa.

Tibwerere kwa Mayi Ordonówna. Atasiya ana m'manja abwino ku India, anabwerera ku maiko a Aluya ndi ku Palestine, kumene anaimbira asilikali a kwawo nthawi zonse thupi likawalola. Koma chifuwa chinakula, ndipo anakhazikika ku Beirut, m'dziko la Lebanon, pamodzi ndi amuna awo. Nkhondo itatha mu 1945, dziko la Poland linagwa m'manja mwa boma lomvera Moscow, ndipo anthu ngati iwo, amene anaona ndende za Soviet ndi maso awo, ambiri sanabwerere kwawo. Mayiwa sanaonenso Warsaw.

Mphamvu zoimbira zitatha, anayamba kujambula zithunzi ndi kulemba. Mu 1948 anatulutsa buku ku Beirut lotchedwa Tułacze dzieci, kutanthauza ana ongoyendayenda opanda kwawo. M'bukumo analemba zimene ana aja anadutsamo, kuyambira usiku umene anachotsedwa m'nyumba zawo mpaka kufika ku India. Chimene chimandikhudza ine ndi chakuti sanalembepo dzina lotchuka lija, limene likanagulitsa bukulo msanga. Analisindikiza ndi dzina lina, Weronika Hort. Ku Poland kwenikweniko nkhani ya kusamutsidwa kwa anthu aja inali yoletsedwa kuikamba poyera kwa zaka zoposa makumi anayi, choncho buku lotere linali umboni wosungidwa kunja kwa dziko, kudikira tsiku lake.

Mayi Hanka Ordonówna anamwalira ku Beirut pa 8 Seputembala 1950, asanakwanitse zaka 50, ndipo anaikidwa komweko m'dziko la eni. Boma la chikomyunizimu litagwa ku Poland mu 1989, anthu a kwawo anakatenga mafupa awo, ndipo mu 1990 anawaika m'manda a Powązki mu Warsaw, mzinda umene anabadwiramo. Pa nthawiyo ana amene anakwera nawo malole ku Ashgabat anali a zaka za m'ma 50 ndi 60, omwazikana ku England, Canada, Australia, America ndi ku Poland komweko, ambiri a iwo ali ndi zidzukulu.