Mbiri ya James Watt

James Watt anabadwa m'chaka cha 1736 ku Greenock m'dziko la Scotland. Ali mnyamata ankagwira ntchito yokonza zipangizo pa yunivesite ya Glasgow. Kumeneko anamupatsa kainjini koyendera nthunzi kuti akonze, ndipo anaona kuti kankawononga moto wambiri pachabe. Iye anapeza njira yoziziritsira nthunziyo m'chotengera chapadera, choncho injini inayamba kudya malasha ochepa.

Mu 1769 analandira patenti, chikalata choletsa ena kupanga chimene munthu watulukira popanda chilolezo chake. Komatu luso lokha popanda ndalama silikanamufikitsa patali. Watt anasamukira ku Birmingham nagwirizana ndi Matthew Boulton, mwini fakitale ya Soho, ndipo mu 1775 Nyumba ya Malamulo inatalikitsa patentiyo mpaka 1800.

Ophunzira, apa m'pofunika kuonetsetsa. Chikalata chomwe chinalemeretsa awiriwa ndi chomwenso chinamanga manja amisiri ena, moti ena anawakokera kukhoti. Eni migodi ku Cornwall ankalipira monyinyirika gawo limodzi mwa magawo atatu a ndalama zomwe apulumutsa pa malasha. Ngakhale zinali choncho, injinizi zinathandiza kuti mafakitale asamadalirenso mphamvu ya mitsinje. Anayamba kumangidwa m'mizinda ngati Manchester, ndipo anthu anakhamukira komweko kukafuna ntchito.

Watt anamwalira mu 1819.