Malemu Harry Oppenheimer, Mkulu wa Migodi ya ku Joni

Anzanga a ku Balaka ndi Machinga, ambirife fizi yathu inkachokera ku Joni, koma eni migodi sitinkawadziŵa. Mmodzi mwa iwo anali Harry Oppenheimer, amene anabadwira ku Kimberley mu 1908. Bambo ake, Sir Ernest, ndiwo anayambitsa kampani ya Anglo American mu 1917. Atamwalira mu 1957, Harry analoŵa m'malo mwawo, nayendetsanso De Beers, kampani ya dayamondi. Ali phungu wa nyumba ya malamulo ankadzudzula tsankho, komabe azibambo athu otengedwa ndi Wenela ankagona m'makomponi, malipiro ali ochepa. Anamwalira mu 2000, mwana wake Nicky ali kale pampando wa De Beers. Ine ndikamva za chuma cha banjali, ndimakumbukira thukuta la makolo athu.