Verity Lambert: mlembi amene anadzakhala mkulu wa masewero a pakanema ku Britain

Munthu akamaonera sewero pa wailesi yakanema, maso ake amakhala pa anthu amene akuoneka pagalasi. Koma kuseri kumakhala wina amene anasankha anthuwo, anavomereza nkhaniyo, anagawa ndalama, ndipo zinthu zikalakwika ndiye amayankha mlandu. Ku Britain, mmodzi mwa anthu amene anagwira ntchito imeneyi kwa zaka zoposa 40 anali mayi Verity Lambert.

Mayi Lambert anabadwira mumzinda wa London pa 27 Novembala 1935, m'banja la Chiyuda. Bambo awo anali wowerengera ndalama. Anaphunzira pasukulu ya atsikana ya Roedean, kenaka anakakhala kanthawi ku Paris, ndipo atabwerako anachita maphunziro a ulembi. Masiku amenewo mtsikana wofuna kulowa m'nyumba youlutsira mawu ndi zithunzi kawirikawiri ankalowera khomo lotayipa makalata a mabwana. Mu 1956 analembedwa ntchito yotere kukampani ya Granada, koma patangotha miyezi 6 anachotsedwa. Anapeza malo ena ku ABC Television, kumene anayambanso ndi kutayipa mpaka anakwezedwa kukhala wothandizira pa pulogalamu ya masewero yotchedwa Armchair Theatre.

Nthawi imeneyo masewero ambiri sankajambulidwa kaye. Ankaulutsidwa pomwepo, anthu akusewera ndipo dziko lonse likuonera, moti cholakwika chilichonse chinkalowa m'nyumba za anthu mmene chilili. Pa 30 Novembala 1958, akuulutsa sewero lotchedwa Underground, mmodzi mwa osewera, a Gareth Jones, anadwala mtima mwadzidzidzi n'kumwalira kuseri kwa makamera sewero lili mkati. Wotsogolera seweroli, a Ted Kotcheff, amene pambuyo pake anadzatsogolera filimu yoyamba ya Rambo, anathamangira kwa osewera otsalawo kukagawa mawu a malemuyo kuti nkhani ipitirire. M'chipinda choyendetsera makamera munatsala mayi Lambert, ali ndi zaka 23, kumauza ojambula koti aloze. Sewerolo linafika kumapeto, ndipo oonera ambiri sanadziwe kuti pachitika maliro.

Mkulu wa pulogalamuyo, a Sydney Newman ochokera ku Canada, sanaiwale za mtsikanayu. Komabe kukwezedwa sikunabwere. Mu 1961 mayi Lambert anapita ku New York kukagwira ntchito kwa a David Susskind, ndipo atabwerera ku London anapeza kuti mpando wowadikira ndi womwe uja wa wothandizira.

Zinthu zinasintha mu 1963. A Newman anali atasamukira ku BBC monga mkulu wa masewero, ndipo ankafuna munthu woti ayendetse pulogalamu yatsopano ya ana ndi makolo awo, youlutsidwa Loweruka madzulo. Dzina lake linali Doctor Who, nkhani ya nkhalamba yachilendo imene imayenda m'chombo chooneka ngati kanyumba ka lamya ka apolisi, n'kumapita m'zaka zakale kapena zam'tsogolo. Amuna awiri amene anayamba kufunsidwa anakana. Apo m'pamene a Newman anaitana mayi Lambert. Pa zaka 27, iwo anakhala wamng'ono kwambiri pakati pa akuluakulu okonza masewero ku BBC, komanso mkazi yekhayo. Anawapatsa wotsogolera wachinyamata wobadwira ku India, a Waris Hussein, ndi nyumba yojambulira yakale, yopanikiza ndi yotentha, ku Lime Grove. Ambiri m'maofesimo ankangodikira tsiku limene awiriwa adzagwe.

Funso lalikulu linali lakuti, ndani akhale nkhalamba ija? Mayi Lambert anasankha a William Hartnell, bambo wa zaka 55 amene dziko linkawadziwa monga msilikali wokalipa kapena chigawenga, poti ndi mbali zimene ankapatsidwa kawirikawiri, monga mu The Army Game ndi Carry On Sergeant. Koma mayiwa anali ataonera filimu ya This Sporting Life, mmene a Hartnell anasewera ngati mkulu wosungulumwa woyendayenda kufufuza anyamata aluso pa masewera a rugby. Mmenemo anaona chinthu chimene ena sanachione: munthu yemweyo ankatha kuopsa, kenaka n'kumvetsa chisoni. Nkhalamba ya m'seweroli inkafunika zonse ziwiri, kuti mwana aiope koma asaithawe. A Hartnell poyamba ankakayika, poganiza kuti pulogalamu ya ana iwatsitsa, ndipo zinatengera mayi Lambert ndi a Hussein kukhala nawo pansi pa chakudya kuti avomere. Anadzaikonda mbaliyo kuposa ina iliyonse pamoyo wawo.

Chiyambi chinali chovuta. Gawo loyamba litajambulidwa, a Newman analikana n'kulamula kuti lijambulidwenso. Litaulutsidwa pa 23 Novembala 1963, maganizo a anthu anali kwina, chifukwa dzulo lake mtsogoleri wa dziko la America, a John F. Kennedy, anali ataphedwa. BBC inachita kubwereza gawolo sabata yotsatira.

Kenaka panabuka mkangano umene ukanatha kuwathetsera ntchito. A Newman ankafuna kuti pulogalamuyi iziphunzitsa ana mbiri yakale ndi sayansi, ndipo analetseratu zilombo zoopsa za kumaiko a nthano. Mayi Lambert anali ndi nkhani yolembedwa ndi a Terry Nation, ya zolengedwa zankhanza zokhala m'zigoba zachitsulo, zotchedwa Dalek. Bwana wawo wina, a Donald Wilson, anawauza kuti nkhaniyo aisiye. Iwo anakana. Nkhani ina yokonzeka panalibe, n'zoona, komanso ankakhulupirira kuti zilombozo zinali ndi phunziro lake, poti zinali otsala a nkhondo imene inawononga dziko lawo ndipo zinkadana ndi aliyense wosiyana nazo. Ma Dalek ataonekera mu Disembala 1963, chiwerengero cha oonera chinakwera mpaka kupitirira 10 miliyoni, ndipo ana m'misewu ya Britain anayamba kuyerekeza mawu ake. Mabwana aja anavomereza kuti mayiyu anaona patali. Pamene ankasiya pulogalamuyi mu 1965, inali itazika mizu. Inapitirira mpaka 1989, n'kudzayambiranso mu 2005.

Zaka zotsatira anakonza masewero ku BBC ndi ku London Weekend Television, kuphatikizapo Budgie, mmene anapereka mbali yaikulu kwa woimba Adam Faith, ndi Shoulder to Shoulder ya 1974, yofotokoza za amayi amene anamenyera ufulu wovota. Chaka chomwecho anakhala mkulu wa masewero ku Thames Television, ndipo mu 1979 anapatsidwa kampani yake ya Euston Films kuti aiyendetse. Mu nthawi imeneyi munatuluka The Naked Civil Servant, imene inatchukitsa a John Hurt, komanso Rumpole of the Bailey ndi Minder. Anapatsanso mwayi mayi Lynda La Plante, amene ankadziwika monga wosewera, kuti alembe Widows, sewero la 1983 la akazi amasiye a mbava amene anaganiza zomaliza okha umbava umene unapha amuna awo. Kuika amayi patsogolo m'nkhani ya mfuti ndi ndalama chinali chinthu chachilendo pakanema wa masiku amenewo.

Sewero lawo limodzi linajambulidwa mu Africa muno. The Flame Trees of Thika, la 1981, linachokera m'buku la mayi Elspeth Huxley lonena za makolo awo amene anakatsegula munda wa khofi ku Kenya nkhondo yoyamba yapadziko lonse isanayambe. Ndi sewero lojambulidwa mokongola, koma nkhani yake imaonedwa ndi maso a atsamunda, ndipo eni nthaka amangooneka m'mphepete monga antchito.

Mu 1985 anakhazikitsa kampani yawoyawo, Cinema Verity. Filimu yake yodziwika kwambiri ndi A Cry in the Dark ya 1988, nkhani yoona ya mayi Lindy Chamberlain a ku Australia, amene khanda lawo linagwidwa ndi galu wakutchire mu 1980 koma bwalo la milandu linawamanga powaganizira kuti anapha okha mwanayo. Mbali ya mayiyo inaseweredwa ndi Meryl Streep, ndipo filimuyi inatuluka patangopita milungu yochepa chigamulo chija chitafafanizidwa.

Sikuti zonse zinkawayendera. Mu 1992 kampani yawo inakonzera BBC sewero la Eldorado, ndipo anamanga mudzi wathunthu kumwera kwa Spain wojambuliramo. Ntchitoyo inachitika mothamanga, osewera ambiri anali osazolowera, mawu sankamveka bwino, ndipo nyuzipepala zinaliseka koopsa. Patangotha chaka chimodzi linathetsedwa. N'zodabwitsa kuti kampani ya munthu amene anatchuka chifukwa chodziwa kusankha anthu inapunthwira pomwepo. Anthu amene anagwira nawo ntchito ankawadziwanso monga bwana wosachedwa kupsa mtima, wonena chilungamo pamaso, koma woteteza olemba nkhani ndi osewera ake pamaso pa eni ndalama.

Atapunthwa choncho sanapume. Kuyambira mu 1998 anayendetsa Jonathan Creek, sewero lofufuza milandu limene linakondedwa kwa zaka zambiri, ndipo mu 2002 analandira ulemu wa OBE chifukwa cha ntchito yawo. Anadwala khansa, koma anagwirabe ntchito mpaka kumapeto, pa sewero la Love Soup. Anamwalira pa 22 Novembala 2007, kutatsala masiku 5 kuti akwanitse zaka 72, ndiponso kutatsala tsiku limodzi kuti Doctor Who ikwanitse zaka 44. Gawo la pulogalamuyo limene linaulutsidwa pa Khirisimasi chaka chimenecho linatha ndi dzina lawo pagalasi.