Hani Jawharieh Anafa Kamera Ili M'manja

Malemu Hani Jawharieh anabadwira mu mzinda wa Jerusalem m'caka ca 1939. Pamene nkhondo ya 1967 inabuka, iwo anali kale katswiri wojambula zithunzi m'dziko la Jordan, kumene anaona ndi maso ao miyandamiyanda ya anthu a mtundu wao akuoloka mtsinje wa Jordan, akatundu ali pamutu, kukakhala m'matenti.

Masiku amenewo dziko lonse lapansi linali kudziwa Apalestina kupyolera m'zithunzi zojambulidwa ndi alendo: anthu opanda maina, ali pamzere kuyembekeza ufa ndi mabulangete. Ici ndico a Jawharieh anakana. Pamodzi ndi a Mustafa Abu Ali, amene anaphunzira za kanema ku London, ndiponso mai Sulafa Jadallah, amene anaphunzira ku Cairo, anakhazikitsa kabungwe ka Palestine Film Unit mu mzinda wa Amman m'caka ca 1968, pansi pa cipani ca Fatah. Ciyambi cao cinali caumphawi ndithu, pakuti zithunzi anali kuzitsukira m'khichini. Koma zithunzi za omenyera ufulu zimene zinafala pambuyo pa nkhondo ya ku Karameh, mu Marichi 1968, zinasintha nkhope ya mtundu wonse. Wothawa nkhondo uja tsopano anaoneka ali ciriri, akuyang'ana kamera mosaopa.

Kanema wao woyamba anaturuka mu 1969, wotsutsa mapangano a mtendere amene boma la America linabweretsa. Caka cotsatira, asilikali a Jordan anathira nkhondo magulu a Apalestina, ndipo anzao a Jawharieh anasamukira ku Beirut. Iwo anatsala ku Amman kwa zaka zingapo asanawatsatire.

Anafika ku Lebanon dziko lili pa nkhondo ya paciweniweni. Mu Epulo 1976 anakwera mapiri a ku Aintoura kukajambula kumenyana kumene kunali komweko, ndipo bomba linaphulika pafupi nao. Anafera pomwepo, asanakwanitse ndi zaka 40 zomwe. A Abu Ali anatenga zimene mnzao anajambula m'mphindi zotsiriza za moyo wao, naziika m'kanema wa cikumbutso wochedwa Palestine in the Eye.

Cina comvetsa cisoni cinadza pambuyo pace. Bungwe lao linali litasonkhanitsa makanema ambirimbiri m'nyumba yosungiramo ku Beirut, mbiri ya zaka zoposa khumi za m'misasa ndi za kunkhondo. Asilikali a Israel atazinga mzindawo mu 1982, bungwe la PLO linacoka m'dzikomo, ndipo nkhokwe ija inasowa. Ofufuza a masiku ano akhala akutola makanema a kabungweka amodziamodzi m'maiko akunja, kumene abwenzi anasunga makope amene anatumizidwa kukaonetsedwa kumisonkhano.