Todd Matshikiza, katakwe wa nyimbo za zisudzo yemwe adafera kwa eni

Madoda a ku Mitundu ndi ku Nathenje amene adapita ku Joni pa Wenela m'zaka za m'ma 1950 adapeza mzinda wa Johannesburg utatekeseka ndi nyimbo za jazi. Mmodzi mwa akatakwe opeka nyimbozo adali Todd Matshikiza, yemwe adatsirizira moyo wake kwa anansi athu ku Zambia.

Matshikiza adabadwa pa 7 Malichi 1921 ku Queenstown m'dziko la South Africa, m'banja la anthu oimba. Adaphunzira zoimba ku Adams College ndipo adaphunzitsako sukulu ku Lovedale asadasamukire ku Johannesburg mu 1947. Kumeneko ankaimba piyano komanso kulemba nkhani m'magazini ya Drum.

Dzina lake lidamveka ponseponse mu 1959 chifukwa cha King Kong, sewero la nyimbo lokamba za Ezekiel Dlamini, katswiri wa nkhonya yemwe adapha chibwenzi chake ndipo adamira m'damu ali kundende mu 1957. Matshikiza ndiye adapeka nyimbo za m'seweroli, ndipo pa mawu ake adathandizana ndi Pat Williams.

Seweroli lidayamba kuonetsedwa pa 2 Febuluwale 1959 pa yunivesite ya Witwatersrand. Ochita sewero onse adali akuda, koma azungu ndi akuda omwe adakhamukira kukaonera, chinthu chachilendo m'nthawi ya ulamuliro wa tsankho. Miriam Makeba ndi Hugh Masekela, amene pambuyo pake adatchuka dziko lonse, adali m'gululi. Mu 1961 seweroli lidakafika ku London.

Mu 1960 mkuluyu adapekanso nyimbo za sewero la Alan Paton lotchedwa Mkhumbane, lomwe lidaonetsedwa ku Durban patangopita masiku ochepa apolisi atapha anthu 69 ku Sharpeville. Chaka chomwecho, atatopa ndi tsankho, adatenga banja lake nkupita ku London.

Ku Mangalande zinthu sizidamuyendere monga ankayembekezera. Adalembako buku la moyo wake, Chocolates for My Wife, koma mwayi wa zoimba udali wosowa. Mu 1964 adabwera ku Lusaka komwe adagwira ntchito pawailesi ya boma, ndipo kenaka adapatsidwa udindo wosonkhanitsa ndi kusunga nyimbo za makolo za m'Zambia.

Kwawo njira idali yotseka, ndipo boma la azungu lidaletsa zolemba zake. Munthu amene nyimbo zake zidatsekulira anzake khomo adamwalira ku Lusaka pa 4 Malichi 1968, ali ndi zaka 46, asadapondenso kwawo.

Mwana wake, John Matshikiza, adadzakhala katswiri wa zisudzo ndi mafilimu. King Kong idaonetsedwanso ku Cape Town mu 2017, tsankho litatha, patadutsa zaka 49 mwini nyimbo atagona m'manda.