AKATSWIRI A KANEMA: WINSOR McCAY

Pa 7 Meyi 1915, sitima yankhondo ya dziko la Germany yoyenda pansi pa madzi inaphulitsa sitima yonyamula anthu yotchedwa Lusitania kufupi ndi gombe la Ireland. Sitimayo inamira m'mphindi 18 zokha, ndipo anthu pafupifupi 1,200 anatsikira kulichete. Panalibe amene anajambula kanema wa tsokalo. Munthu amene anadzalionetsa ku dziko lonse anali Bambo Winsor McCay, mmisiri wojambula zithunzi pamanja wa ku America.

Bambo McCay anakulira ku Spring Lake m'chigawo cha Michigan. Mbiri yao inawanda m'chaka cha 1905 pamene nyuzipepala ya New York Herald inayamba kusindikiza nthano yao ya zithunzi yotchedwa Little Nemo in Slumberland. Pambuyo pake anayamba kupanga kanema wa zithunzi zapamanja. Pa luso limeneli mmisiri amajambula zithunzi zambirimbiri zosiyana pang'ono pokha, ndipo zikamaonetsedwa motsatizana mwaliŵiro, maso amaona ngati zikuyenda. Motero m'chaka cha 1914 anatulutsa Gertie the Dinosaur, kanema woseketsa.

Koma za Lusitania sizinali zoseketsa. Bwana wao panthaŵiyo, William Randolph Hearst, sanafune kuti America iloŵe nkhondo, choncho Bambo McCay anagwira ntchitoyo pa nthaŵi yao yopuma ndiponso ndi ndalama za m'thumba mwao. Mothandizidwa ndi anthu oŵerengeka, anajambula zithunzi pafupifupi 25,000 m'miyezi 22. Kanemayo, The Sinking of the Lusitania, wa mphindi 12, anatuluka m'chaka cha 1918. Anthu anaona utsi ukufuka, sitima ikupendekeka, ndi mayi akukweza khanda lake pamwamba pa mafunde.

Komabe mboni imeneyi inali ndi mbali. Kanemayo anaonetsa mabomba aŵiri, chonsecho sitima yankhondo ija inaponya limodzi lokha. Ndipo mawu olembedwa m'kanemamo anali oputa mkwiyo wa oonera. Dzanja lingathe kufika pamene kamera sinafike, koma limalembanso za mumtima mwa mwini wake. Funso limeneli likuvutabe amisiri onse ofotokoza nkhani zoona ndi zithunzi zapamanja.

Kanemayo sanapindule ndalama kwenikweni, ndipo pofika 1921 Bambo McCay anasiya lusoli. Anamwalira ku Brooklyn pa 26 Julayi 1934. Lero kanema waoyo amadziŵika kuti ndiye wakale kopambana mwa akanema a mtundu umenewu amene anasungidwa.