Flavius Josephus: Myuda Amene Mabuku Ake Anasungidwa ndi Akhristu

M'makomboni a mu Lilongwe monga Kawale, Biwi ndi Chinsapo, kumutchula munthu kuti Mfarisi n'kumunyoza kuti ndi wachiphamaso. Ambirife timaganizanso kuti Chiyuda ndi Chikhristu zinali zipembedzo ziwiri zodana kuyambira pachiyambi. M'nkhani ino ndifotokoza mbiri ya Flavius Josephus, mlembi wachiyuda amene mabuku ake amatsutsa maganizo amenewa.

Josephus anabadwira ku Yerusalemu m'chaka cha 37, m'banja la ansembe. Iye mwini analemba kuti ali ndi zaka 16 anayamba kufufuza ziphunzitso za magulu atatu a Chiyuda: Afarisi, Asaduki ndi Aesene. Anakhalanso zaka zitatu m'chipululu ndi mphunzitsi wina dzina lake Bannus, ndipo pofika zaka 19 anasankha kutsata njira ya Afarisi.

M'chaka cha 66 Ayuda anaukira Aroma, ndipo Josephus anaikidwa kukhala mkulu wa asilikali ku Galileya. Chaka chotsatira, mzinda wa Jotapata umene ankauteteza unagonja utazingidwa masiku 47. Iye anabisala m'phanga ndi anthu 40, amene anapangana kuphana okhaokha mochita maere poopa kugwidwa. Atatsala awiri, Josephus ananyengerera mnzakeyo kuti angodzipereka. Atafika pamaso pa Vespasian, mkulu wa asilikali a Aroma, anamulosera kuti adzakhala mfumu. Izi zitachitikadi mu 69, Josephus anamasulidwa, ndipo pambuyo pake anatenga dzina la Flavius, la banja la mfumuyo. Mu 70 anali womasulira wa Titus, mwana wa Vespasian, pamene Aroma ankagwetsa Yerusalemu ndi kutentha Kachisi. Ayuda anzake ambiri anamuona ngati kapirikoni.

Zaka zake zotsala anakhala ku Roma akulemba mabuku m'Chigiriki. Loyamba linali la nkhondo ija. Lalikulu kwambiri, limene m'Chingerezi limatchedwa Antiquities of the Jews, lili ndi magawo 20 ndipo analimaliza cha m'ma 93. Bukuli n'lofunika kwa akatswiri chifukwa munthu amene sanali Mkhristu akutchulamo anthu a m'Chipangano Chatsopano.

M'gawo la 18 akufotokoza mmene Herode Antipa anaphera Yohane Mbatizi ku linga la Machaerus poopa kuti khamu lomutsata lingaukire boma. M'gawo lomwelo muli ndime yonena za Yesu, imene yadzetsa mtsutso waukulu. Ndimeyi imanena kuti Yesu ndiye Khristu, pamene Origen, katswiri wachikhristu wa m'zaka za m'ma 200, analemba kuti Josephus sankakhulupirira zimenezo. Choncho akatswiri ambiri amati Josephus analembadi za Yesu, koma Akhristu okopera mabuku anaonjezerapo mawu awo. Mu 1971 Shlomo Pines anafalitsa ndime yomweyi monga inasungidwira m'Chiarabu, ndipo mawu ake ndi ofatsirapo.

Kwa ine, nkhani yofunika koposa ili m'gawo la 20. Mu 62 mkulu wa ansembe Ananus, amene anali Msaduki, analamula kuti Yakobo mbale wake wa Yesu aponyedwe miyala. Amene anakwiya nakadandaula kwa olamulira anali Ayuda osunga chilamulo mosamalitsa, ndipo akatswiri ambiri amati anali Afarisi. Ananus anachotsedwa paudindo atangotha miyezi itatu. Apa tikuona kuti otsatira Yesu oyambirira ankakhala pakati pa Ayuda anzawo monga gulu limodzi mwa magulu angapo, ndipo ena mwa anthu amene timawanyoza aja ndiwo anatsutsa kuphedwa kwa mtsogoleri wa mpingo wa ku Yerusalemu.

Josephus anamwalira cha m'ma 100. Arabi sanasamale mabuku ake, koma Akhristu ndiwo anawakopera kwa zaka mazanamazana, mpaka William Whiston anawamasulira m'Chingerezi mu 1737. Sindinganene kuti anali ngwazi, pakuti anapulumutsa moyo wake m'njira yokayikitsa. Komabe akanafera m'phanga muja, bwenzi tikudziwa zochepa kwambiri za dziko limene Chikhristu chinabadwiramo.